Munda Umene Ndinaudinda m'Belo la Fodya

Foni ya malemu amuna anga ndinaidinda ndekha m'belo la fodya. Palibe anandibera, palibe anandilodza, anali manja anga omwewa. Ndikamafotokoza chonchi anthu amafa nacho chiseko, ndipo sindiwaletsa poti nanenso masiku ano ndimaseka. Koma nthawi imeneyo mano sanaoneke, chifukwa m'foni imeneyo munali munda.

Ndiyambe ndi mundawo. Amuna anga anali mlimi wa fodya wa bale kuno kwa Njombwa, munthu woti tambala ankawalirira ali kale pa nazale ndi makeni awiri. Ndiye matenda aja ofa ziwalo anawagwetsa m'chigafa tsiku lina masana, mbali yonse ya kumanzere n'kuuma. Pochokera kuchipatala anasanduka munthu wa pakhonde. Mwendo ankachita kuukoka, dzanja lamanzere lili lende, koma lamanja linali bwinobwino ndipo mutu unkakoka ngati kale. Chimene chinkawadya mumtima n'chakuti mvula igwe, anzawo ali piringupiringu kuwokera, iwo ali phee pampando ngati mlendo pakhomo pawo pomwe.

Mwana wathu wamkazi, amene amagwira ntchito pamalo ogona alendo ku Lifupa, anawatumizira foni zija zotsetsereza chala, atawaikiramo gemu ya ulimi. Gemu yake amakupatsa kathengo, iwe uzilambula, uzidzala, uzikolola, ukagulitsa uzimanga makola ndi kugula ziweto. Poyamba anainyoza. "Ulimi wanji wopanda matuza m'manja?" Sabata isanathe ndinawapeza akukalipira nkhuku za m'foni kuti zikuchedwa kuikira.

Zaka ziwiri analima mmenemo ndi chala chimodzi. Anamanga khola, anakumba dziwe, anadzala mzere wa mitengo ya zipatso kuchokera pakhomo mpaka padziwepo, wowongoka ngati anachita kukoka chingwe. Anali ndi ng'ombe zinayi, ina yakuda imene ankati ndi yamakani ngati ine. Ndikamachokera kumunda nditatheratu, msana uli gwa, iwo ankandilandira ndi nkhani za zokolola zawo. "Kuno kulibe zobweza mabelo, mayi. Chimene wakolola, chagulidwa." Ndinkawayankha kuti ndiye atipatseko tidye. Koma chilungamo chake, gemu ija inawabwezera nkhope yawo ya ulimi, ndipo ine ndinkathokoza chamumtima.

M'gemumo mumakhalanso anansi, anthu enieni okhala ndi mafoni awo kwinakwake, amene amatha kulowa m'munda mwako n'kukuthiririra mitengo ikafota. Akathirira, pamtengopo pamatsala kachithunzi kawo. Panali mmodzi wa chithunzi cha nkhanga, wopanda dzina, manambala okhaokha, amene sankaphonya. Nditafunsa kuti ndani ameneyu, amuna anga anangoti, "Mnansi wanga, ngwakhama." Ine ndinangoti kaya ndi mzungu wina wosowa chochita kutsidya kwa nyanja uko.

Atatsala masiku ochepa kuti atisiye, anandiitana n'kundiphunzitsa podina ponse. Atamaliza anati, "Mayi, ng'ombe zanga zija muzizidyetsa. Musadzazigoneke ndi njala." Ndinaseka kuti ndisalire, n'kuwauza kuti ndamva. Anabwereza kuti akunena zoona. Ndinalonjeza.

Ndipo ndinasunga. M'mawa uliwonse ndisanagwire tsache, ndinkakwera pachulu cha kuseri kwa chigafa, poti netiweki inali itasiya kugwira pakhonde, n'kumagwira pamenepo pokha, n'kudyetsa ng'ombe, kutola mazira, kukolola. Sindinasunthe kanthu ngakhale kamodzi. Mzere wa mitengo unali momwe anausiyira. A nkhanga aja nawonso sanasiye kubwera, moti ndinazolowera kuwalankhula mokweza ndili ndekha pachulupo: "Zikomo a nkhanga, mwagwira ntchito." Amayi anzanga a kumvano ankati ndayamba kuzungulira mutu. Ndinkawasiya, sanali amuna awo.

Tsono pali munthu wina amene ndiyenera kumulowetsa m'nkhaniyi, ngakhale nthawi imeneyo sindinkafuna n'kumva fungo lake lomwe. Ndi alamu anga, achemwali awo a malemu, amene anakwatiwa kwa Kaomba. Maliro atangotha, tisanamete n'komwe, anabwera ndi ngolo kudzanyamula jeke yodindira mabelo imene inkakhala m'chigafa mwathu. Akuti inali ya malemu bambo awo, ndipo zinalidi choncho. Koma ine ndili ndi mtima wapachala, ndipo pakamwa panga sipachedwa. Ndinaima pabwalo, anthu ali tcheru, n'kunena kuti, "Manda sanaume, inu mwayamba kale kutola! Akudwala munali kuti?" Funso lomalizalo linali labodza, ndipo ndinkadziwa ndikulinena. Masana ambiri ine ndili kumunda, amene ankakhala pakhonde ndi wodwala anali iwowo. Anakweza jeke, ng'ombe zinakoka, basi. Zaka ziwiri zinadutsa osapatsana moni, ngakhale pamaliro a ena tinkakhala mbali zosiyana.

Chichokereni jeke ija, mabelo ndinkadinda ndi yobwereka, ndipo chobwereka chimabwera ndi nthawi yake. Chaka chathachi mwini wake anandipatsa m'mawa kuti dzuwa likamapendeka ikhale itabwerera, ndipo lole yopita ku okushoni, kumsika wa fodya, inali kunyamuka tsiku lomwelo. Tinagwira ntchito ngati tikuthawa moto. Ine ndinali woyala mapindi a fodya m'bokosi, kuwerama, kuyala, kuponda, amuna awiri akupukusa jeke. Foni ndinali nditaipana m'mphepete mwa chitenje monga mwa masiku onse, itazima poti sola inali isanatchaje. Tinasoka ziguduli, tinalemba manambala, tinakweza, lole n'kumapita fumbi lili koboo. Pamene ndinati ndimasule chitenje ndikasambe, ndinagwira m'chiuno, ng'oo, foni palibe!

Ndinasesa chigafa chonse, ndinafukula zinyenyeswa za fodya ndi manja, ndinayang'ana mpaka m'khola la nkhuku. Patapita masabata awiri, mkulu amene amatiperekezera mabelo anabwera ndi uthenga akulephera kudzigwira kuseka. Belo langa lina analitsegula ku okushoni, n'kupezamo foni ili phwatalala ngati chikumbu chopondedwa ndi ngolo. Belolo analiika pambali kuti lisankhidwenso, ndipo foniyo anaitaya ku zinyalala pamodzi ndi simukhadi yake. Nkhani inawanda mudzi wonse. Ndikamadutsa pa chigayo, anyamata ankafuula kuti, "Amayi a fodya wa netiweki!" Zimenezo sizinandipweteke kwenikweni, ngakhale za belo zija. Chimene chinkandisowetsa mtendere n'chakuti m'mawa uliwonse miyendo inkanditengera yokha pachulu, n'kukaima pamenepo manja ali lende. Ng'ombe zinali ndi njala, ndipo ine ndinali nditalonjeza.

Fodya atagulidwa ndinagula foni ina pa boma, n'kupita nayo kwa mayi wina wokonza mafoni amene ali ndi kakontena pafupi ndi depoti. Ndi mayi wojintcha, wa magalasi omangirira ndi ulusi, wolankhula pang'ono. Anandiikira gemu ija. Itatseguka, ndinaona kathengo, kakhasu, ndi nkhuku imodzi.

"Si umenewu," ndinatero. "Wathu uli ndi dziwe."

"Uwu ndi watsopano, amayi. Wanuwo uli mu akaunti yakale. Pasiwedi mukuidziwa?"

Ndinaidziwira kuti? Tinamuimbira mwana wanga, iye anati anaitsegulira bambo ake mothamanga ndipo anaiwala kalekale. Tinayesa chaka chobadwa malemu, tinayesa nambala imene timalemba pa mabelo, zonse zinakana. Ndinayamba kutentha, n'kunena kuti mundawo ndi wathu, analima ndi amuna anga, akukaniza ndani? Mayiyo anandisiya ndipsetse mtima mpaka ndithe mpweya, kenaka anandifotokozera modekha ngati akuphunzitsa mwana wa sukulu ya mkaka. Munda sunafe, anatero, uli komwe amasungira. Khomo lake ndi limodzi basi: eni gemuyo atumiza timanambala tachinsinsi ku nambala ya foni yakale ija. Ndiye ndipite ku ofesi ya kampani ya mafoni akandipatse simukhadi ina ya nambala yomweyo. Anawonjezera kuti ndisazengereze, chifukwa nambala ikakhalitsa osagwira ntchito amaipereka kwa munthu wina, ndipo zikatero ndiye kuti munda ndautsanzika.

Ndinathamangira ku ofesiko nditanyamula chiphaso changa cha unzika. Mtsikana wa pakauntala anadinadina pa kompyuta, n'kundiyang'ana. "Nambalayi si yanu, amayi."

"Ndi ya malemu amuna anga."

"Si ya bambonso. Inalembetsedwa pa chiphaso cha mayi." Anatchula dzina la mayiyo.

Pamenepo m'pamene ndinakumbukira. Chaka chimene analamula kuti manambala onse alembetsedwe ndi ziphaso, inali nthawi yothyola ndi kusoka fodya, nthawi yoti munthu sungasiye chigafa kukaima pamzere tsiku lathunthu. Kwathu kuno tinachita zimene timachita pa chilichonse, kutuma mmodzi. Amene anali ndi ulendo wa ku boma ankasonkhanitsa masimukhadi a pabanja m'kampango, n'kukawalembetsa pa chiphaso chake. Ya amuna anga, imene pambuyo pake anadzailowetsa m'foni yatsopano ija, anaitenga alamu anga. Tinawathokoza kwambiri tsiku limenelo, mpaka ndinawapatsira nkhuku.

Ndinayesa kuchonderera. Ndinati ndibweretsa kalata ya imfa, kalata ya ukwati, ngakhale abusa amene anatidalitsa. Mtsikanayo anati iye akundimvetsa, koma mwini chiphaso abwere yekha ndi nkhope yake. Ndinatuluka ndikung'ung'udza kuti bola munda upite, kusiyana n'kukagwada kwa munthu ameneyo.

Ndinalimba mtima masiku anayi. Tsiku lachisanu ndinadzipeza ndili pachulu paja, ndikuuza mphepo kuti, "Pepani bambo, ng'ombe zanu zagonanso ndi njala." Nditadzimva ndekha ndikunena mawu amenewo, manyazi anandigwira. Ndiye kuti lonjezo la kwa malemu lichepe mphamvu kuposa mkwiyo wa jeke? Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Ndinavala chitenje chabwino, ndinakwera kabaza, ulendo wa kwa Kaomba.

Ndinawapeza pakhonde akuswa mtedza. Jeke ija inali pambali pa chigafa chawo itafundidwa pepala lakuda, ndipo ndinayesetsa kuti maso anga asapite kumeneko.

"Odi kuno!"

Anadzutsa mutu, n'kundiyang'ana kuyambira kumapazi. "Lowani. Mwasochera, alamu?"

Anandiyalira mphasa, tinapatsana moni wouma ngati wa pa ofesi. Mawu onse amene ndinakonza panjira anathawa, ndiye ndinangokhuthula nkhani momwe inalili: belo, foni, munda, ng'ombe, chiphaso. Ndinkadikira kuti aseke, kapena andikumbutse za pabwalo paja, ndipo yankho ndinali nditalinola kale. Iwo anangosiya kuswa mtedza.

"Munaidinda m'belo?"

"Eya."

"Ndiye n'chifukwa chake," anatero chapansipansi, ngati akulankhula ndi lichero. Kenaka anati, "Mawa m'mawa tikumane pa siteji. Musachedwe, mizere ya kumeneko ndimaidziwa."

Basi, nkhani inathera pomwepo. Ndinabwerera ndi mtedza m'kathumba komanso mkwiyo wosowa pougwetsera.

M'mawa mwake ndinawapeza atafika kale, atafunda juzi ya mpingo poti kunali chisanu cha mwezi wa Juni. Mu minibasi tinakhala mophanikizana, mapewa akugundana pa bampu iliyonse. Ku ofesi tinaima pamzere mpaka dzuwa kufika pamutu. Alamu anga ali ndi vuto la mawondo, ndinkawaona akusinthasintha mwendo, koma sanadandaule. Atafika pakauntala anatulutsa chiphaso m'kachikwama ka m'khosi, anawajambula, anasayina, ndipo mtsikana uja anatipatsa kasimukhadi katsopano. Alamu anakalandira n'kukaika m'dzanja langa, n'kulifumbatitsa ndi dzanja lawo.

Kwa mayi wokonza mafoni zinthu zinayenda mwachangu moti ndinachita kudabwa kuti chinthu chondisowetsa tulo mwezi wathunthu n'chimenechi. Analowetsa simukhadi, anadina, foni inalira kuti tii, timanambala tafika. Anandiuza ndisankhe pasiwedi yatsopano, n'kundilembera papepala, n'kundilamula kuti ndikaike m'buku la nyimbo osati m'chitenje. Kenaka anatsegula gemu. Kachizindikiro kodikirira kanazungulira, kanazungulira. Mwadzidzidzi kanyimbo kaja kanayamba, kamene kankalira pakhonde pathu zaka ziwiri, ndipo dziwe linatulukira.

Mayo ine! Zonse zinalipo. Khola, nkhokwe, kampando kamene anaika pansi pa mtengo wa m'mphepete mwa dziwe. Ng'ombe zinali zitaima mitu ili pansi, zodyera zili mbee. Misozi inangoyamba yokha pamaso pa anthu ogula mayunitsi, ndipo sindinaibise. Koma nditapukuta m'maso ndinaona chinthu china. Ndinkayembekeza kupeza mitengo yonse itafota, poti mwezi ndi masabata ndinali ndisanalowemo. Mzere wonse unali wobiriwira, kuchokera pakhomo mpaka padziwe, ndipo pamtengo uliwonse panali kachithunzi ka nkhanga.

"Taonani munthu uyu," ndinauza mayi wokonza mafoni. "Sanasiye, ngakhale mwini munda kulibe. Mulungu amudalitse kumene aliko."

Alamu anga anali atasuzumira paphewa panga. Anati, "Mitengo ndimatha kuthirira. Koma ng'ombezo zinandikanika, mlendo salowa m'khola."

Ndinatembenuka. Anapisa m'chikwama n'kutulutsa kafoni kong'aluka galasi, komangidwa ndi mphira, anadinapo, n'kundionetsa. Kamunda kakang'ono, kosalongosoka, nkhuku zili balala, ndipo pakona pake nkhanga.

"Anandiikira ndi achimwene, masana ena muli kumunda," anatero. "Ankati ndiziwathiririra mitengo, chala chawo chimatopa. Atapita ndinati ndisiye, koma ndinaona kuti m'mawa uliwonse wina akukolola, ng'ombe zakhuta. Ndinadziwa kuti ndinu. Ndiye ndinkati bola alamu adzuka bwino lero." Anabweza kafoniko m'chikwama. "Mwezi uno mmene ndimaona zodyera zili mbee tsiku ndi tsiku, ndinkati mwina mwagona m'chipatala. Ndinafika mpaka pa siteji kawiri, n'kubwerera. Ndinkaopa pakamwa panupo."

Zaka ziwiri ndakhala ndikuima pachulu kuthokoza munthu mokweza m'mawa uliwonse, masana n'kumamulambalala pamaliro. Ndinagwira dzanja lawo pomwepo, pakati pa mawaya ndi mabatire.

"Alamu, ndinakunamizirani pabwalo paja. Munalipo. Masiku onse munalipo, ndipo ndinkadziwa. Ndikhululukireni."

"Inenso jeke ija ndinaitenga tsiku lolakwika," anayankha. "Ndinkangofuna kanthu kamene manja a bambo ndi a achimwene anagwirapo. Ndikanadikira."

Mayi wokonza mafoni anakhosomola n'kunena kuti ngati tamaliza kulira timupatse mpata, pali anthu pamzere, komanso ng'ombezo zikadali ndi njala. Tinaseka tonse, mamina ali chuchuchu, n'kutuluka kukakhala pa benchi ya pakhonde la sitolo yoyandikana nayo.

Ndili ndi ambiri owathokoza pa nkhani imeneyi. Mayi wa magalasi a ulusi uja, amene anapirira ukali wanga. Mtsikana wa pakauntala, amene anandikaniza, poti akanandilola sindikanapita kwa Kaomba. Ngakhale amuna anga, amene ndikuwaganizira kuti ankadziwa bwino zimene ankachita pondibisira mwini nkhanga, poti ankatidziwa tonse awiri mitima yathu. Jeke masiku ano imayenda pa ngolo pakati pa midzi iwiriyi, ndipo podinda mabelo foni ndimaisiya m'nyumba, pamwamba pa kabati.

Koma pa benchi paja sitinakambe za jeke. Ndinatsegula khola, ndinadzaza ngolo ya chakudya, chala chili m'mwamba kuti ndidyetse. Kenaka ndinaona mmene alamu ankayang'anira ng'ombe yakuda ija, imene akhala akuionera kunja kwa mpanda zaka zonsezi. Ndinawapatsa foni.

"Dyetsani ndinu, alamu. Ndi za achimwene anu."

Anapukuta chala pa chitenje kawiri, ngati akufuna kugwira chinthu cha m'tchalitchi, n'kudina. Ng'ombe yakuda inadzutsa mutu n'kuyamba kudya.